Masherifu alemba katundu wanga pa mlandu umene sindinaumve: ndithamangire ku High Court?

Funso

"Ndili ndi golosale ku Mchesi, mu Lilongwe. Chaka chatha ndinatenga katundu wa K1,200,000 pa ngongole kwa munthu wina wa holoselo, ndipo ndabweza kale K700,000 kudzera pa foni. Lachiwiri lapitali kunabwera masherifu ndi pepala la ku khothi la majisitireti lonena kuti ndinaluza mlandu chifukwa sindinayankhe chisamani, ndiye ndilipire K1,200,000 yonse, chiwongola dzanja ndi ndalama za loya. Chisamanicho ine sindinachionepo. Alemba firiji, TV, mipando ndi makina osokera a mkazi wanga, ndipo akuti abweranso ndi galimoto. Anzanga akuti ndikatenge chiletso ku High Court. Kodi n'zotheka?"

Yankho

Bambo, High Court ikhoza kukuthandizani, koma si khomo loyamba kugogoda. Mukalumpha khothi limene linapereka chigamulocho, jaji akufunsani funso limodzi lokha: munapita kaye kwa majisitireti? Mukati ayi, kawirikawiri akubwezani komweko, ndalama za loya zitapita, masiku atatha, firiji ili kale pa lole. Anzanuwo sakukunamizani dala. Tazolowera kumva pa wailesi kuti wakutiwakuti watenga chiletso ku High Court, ndiye timaganiza kuti vuto lililonse la ku khothi mankhwala ake ndi omwewo. Chiletso chimaletsa munthu kapena bungwe kuchita chinthu chimene chingakuphwanyireni ufulu pamene mlandu ukudikira kumvedwa. Sherifu amene walemba katundu wanu akutsatira lamulo la khothi, ndipo majaji sakonda kuti mutsegule mlandu watsopano pofuna kutsekereza lamulo la mlandu wina. Chimene chimamuimitsa sherifu ndi lamulo loimitsa kulanda katundu, lochokera mu fayilo ya mlandu womwewo.

Tiyambe ndi chigamulo chimene chili m'manja mwanumo. Palibe woweruza amene anamva mbali zonse ziwiri n'kupeza kuti muli ndi ngongole ya K1,200,000. Wokusumirani anauza khothi kuti chisamani chinakufikani, masiku oyankhira anatha, inu zii, ndipo khothi linamupatsa zimene anapempha. Chigamulo chotere n'chosavuta kuchifafaniza poyerekeza ndi chimene chatuluka mboni zitalankhula. Mfundo yake ndi yakale. Mu 1937, pa mlandu wa Evans v Bartlam ku England, jaji Lord Atkin anafotokoza kuti khothi likakhala kuti silinagamule potengera mutu weniweni wa nkhani kapena mgwirizano wa eni mlandu, limakhalabe ndi mphamvu yobweza chigamulo chimene chinabwera chifukwa chongoti wina sanatsate ndondomeko. Makhothi athu amatchulabe mlandu umenewu, ndipo ndime 41 ya malamulo aakulu a dziko lino imapatsa munthu aliyense ufulu wofika ku khothi kuti nkhani yake imvedwe. Komabe musadzinyenge: chigamulocho chili ndi mphamvu zonse mpaka tsiku limene khothi lidzachichotse. Kunena kuti "ine sindikuchidziwa" pakhomo panu sikuimitsa kanthu. Mlandu suola, ndipo chiwongola dzanja ndi ndalama za masherifu zikukwera pamene mukulingalira.

Mawa m'mawa pitani ku ofesi ya akalaliki ya khothi limene latchulidwa pa pepala la masherifu. Pamwamba pa pepalalo pali nambala ya mlandu ndi chaka chake. Ndi imeneyo imene apezere fayilo. Ndinu mwini mlandu, choncho muli ndi ufulu woiona ndi kupempha makope, ndipo ndalama iliyonse imene mulipire pamenepo muitengere risiti ya boma. Mu fayilomo muli mapepala angapo, koma limodzi ndi limene mlandu wanu wagonapo: pepala la umboni wakuti chisamani chinaperekedwa. Liwerengeni mwachifatse. Limanena dzina la amene anapereka chisamanicho, tsiku, malo, ndi munthu amene anachilandira. Yang'anani siginecha. Kodi ndi yanu? Yang'anani malo. Kodi ndi nyumba imene mukukhala, kapena ndi ya lendi imene munasamukamo kalekale? Yang'anani tsiku. Mwina tsiku limenelo munali ku maliro ku Dedza, kapena m'chipatala, ndipo pali anthu kapena buku la chipatala lochitira umboni. M'mafayilo otere mumapezeka zodabwitsa: chisamani chosiyidwa kwa mlonda wa pa geti ya eni ena, kwa mwana wa sukulu, kapena kwa mnyamata wogulitsa m'golosale amene anachikulungira sopo. Werenganinso masiku kuchokera pa tsiku limene akuti munalandira kufika pa tsiku la chigamulo, muone ngati nthawi yoyankhira imene yalembedwa pa chisamanicho inali itathadi.

Zimene mupeze pamenepo ndi zimene zikuuzeni njira yoyendamo. Ngati chisamani sichinaperekedwe monga malamulo amafunira, kapena chigamulo chinatuluka nthawi yoyankhira isanathe, chigamulocho n'cholakwika kuchokera pa chiyambi, ndipo mfundo yokhazikika ndi yakuti chotere chimachotsedwa ngati ufulu wanu, osati ngati chifundo cha woweruza. Chigamulo cha ndalama zoposa zimene zinali zotsala pa tsiku limene chinatuluka nachonso chimagwa m'gulu la zolakwika, ndipo apa K700,000 yanu ija ndi yofunika kwambiri. Koma ngati zipezeke kuti chisamani chinafika moyenera, inu munangochinyalanyaza kapena wina pakhomo anachiiwala m'kabati, chigamulocho n'choyenera, ndipo muyenera kukhutiritsa woweruza pa zinthu ziwiri: chifukwa chomveka chimene simunayankhire, ndi yankho lenileni pa mlanduwo. Pa ziwirizi, cholemera ndi chachiwiri. Woweruza akhoza kukhululuka ulesi ngati akuona kuti pali nkhani yoyenera kumvedwa, koma sangatsegulenso mlandu kuti mudzangoluzanso pakatha miyezi.

Malangizo anga ndi akuti ngakhale mukhale ndi chitsimikizo chonse kuti chisamani sichinakufikeni, lembani zonse ziwiri. Wopereka chisamani uja adzalumbira kuti anakupatsani m'manja, inu mudzalumbira kuti ayi, ndipo woweruza akasowa wokhulupirira adzayang'ana ngati muli ndi yankho pa ngongoleyo. Yankho lenileni si kunena kuti "ndikukana zonse". Ndi masiku ndi ndalama: pa tsiku lakuti ndinatumiza K200,000 ku nambala yakuti, pa tsiku lakuti K150,000, mpaka zikwane K700,000. Mauthenga a pa foni amafufutika, ndipo chithunzi cha sikirini wina akhoza kuchikayikira, choncho pitani ku ofesi ya Airtel kapena TNM mukapemphe sitetimenti ya Airtel Money kapena Mpamba ya miyezi imeneyo. Ngati muli ndi kabuku kamene mumalembamo ngongole, kapena mauthenga a pa WhatsApp amene wa holoseloyo anavomera kuti walandira, zonsezo ziphatikizidwe ku chikalata chanu cholumbirira. Ena amene ali m'vuto ngati lanu amakhala ndi mayankho ena: ngongole ya pangano imene yapitirira zaka 6 osasumiridwa imatsekedwa ndi lamulo la Limitation Act, ndipo pa ngongole za katapila lamulo la Loans Recovery Act limalola khothi kuunikanso pangano ngati chiwongola dzanja chili chonyanya ndi chofinya.

Tsopano mapempho ake. Ndi awiri, ndipo amalowa limodzi ku khothi la majisitireti lomwelo. Loyamba ndi lakuti chigamulo chichotsedwe ndipo muloledwe kuyankha mlandu. Lachiwiri ndi lakuti kulanda ndi kugulitsa katundu kuime kaye kufikira pempho loyambalo litamvedwa. Anthu ambiri amalowetsa loyamba lokha n'kubwerera kunyumba mtima uli m'malo, osadziwa kuti kungolowetsa pempho sikumanga manja a sherifu. Pempho lachiwirili, poti ndi lachangu, woweruza akhoza kulimva mbali inayo palibe, n'kupereka lamulo la masiku ochepa, kenaka n'kuitana nonse. Popeza mnzanuyo palibe kuti adziyankhire, lamulo limafuna kuti inu munene zonse, ndi zokuipirani zomwe. Nenani poyera kuti K500,000 idakalipo. Mukabisa, loya wa mbali inayo adzaziulula pa tsiku lokumana nonse, ndipo lamulo loimitsa lija likhoza kuchotsedwa pa chifukwa chokhacho cha kubisa.

Lamulolo likatuluka, losainidwa ndi lodindidwa, musalipinde n'kuliika m'thumba. Tengani kope ku ofesi ya sherifu tsiku lomwelo, akudindireni pa kope lanu kuti alandira, kope lina lipite kwa wokusumirani kapena loya wake, lina likhale m'golosale pamene aliyense angalipeze. Sherifu amene sanalione lamulolo apitiriza ntchito yake, ndipo katundu akagulitsidwa pa okushoni kwa munthu amene wagula mosadziwa za mkangano wanu, kumubweza ndi nkhani yovuta kwambiri. Mitengo ya pa okushoni mukuidziwa: firiji imene munagula ndi thukuta la miyezi imapita pa mtengo wa chisoni, ndipo pa ndalamazo amayamba achotsa za masherifu, za galimoto ndi za posungira.

Nanga High Court imalowa pati? Imalowa majisitireti akakana. Akakana kuchotsa chigamulo, mukhoza kuchita apilo ku High Court pa kukanako, ndipo nthawi yake ndi yochepa: chidziwitso cha apilo chimaperekedwa pasanathe masiku 14. Kwa inu a ku Lilongwe ndi ku High Court ya mumzinda momwemo. Ena amapita ku Blantyre, Zomba kapena Mzuzu. Dziwani kuti lamulo la Courts Act limanena kuti pa milandu ya pakati pa anthu, apilo payokha siimitsa chigamulo pokhapokha khothi litalamula. Ndiye pamodzi ndi apiloyo mumapemphanso kuimitsa kulanda katundu, poyamba kwa majisitireti yemweyo, akakana ndiye kwa jaji. Ndondomeko yoyamba pansi imeneyi ili mpaka pamwamba: malamulo a Supreme Court of Appeal nawonso amanena kuti pempho limene lingapite ku makhothi onse awiri liyambire ku khothi lapansi, ndipo likakanidwa kumeneko ndi pamene limakwera. Mukafika kwa jaji muli ndi pepala losonyeza kuti munapempha pansi ndipo anakukanizani, nkhani yanu imamveka mosiyana kwambiri ndi ya munthu amene wangotulukira.

Pali khomo lina, lopapatiza. Ndime 26 ya Courts Act imapatsa High Court mphamvu yoyang'anira ndi kuunikanso ntchito za makhothi a majisitireti. Jaji akhoza kuitanitsa fayilo, mwa iye yekha kapena wina atapempha, ngati chilungamo chikufuna kutero. Khomo limeneli ndi la zinthu zoonekeratu kuti zapotoka: majisitireti wagamula mlandu wa ndalama zoposa malire a giredi yake, kapena nkhani ya mtundu umene malamulo sanamupatse, kapena pempho lanu lachangu langokhala osapatsidwa tsiku pamene tsiku la okushoni likuyandikira, kapena fayilo "yasowa" nthawi yokayikitsa. Pa zotere loya wanu ali ndi chifukwa cholunjikira ku High Court, ndipo afotokoze m'chikalata cholumbirira chifukwa chimene njira ya pansi yatsekekera. Koma majaji salola kuti khomo limeneli likhale njira yachidule ya munthu amene wangochedwa kuchita apilo kapena sakufuna kuonana ndi majisitireti amene anamugamula. Pa zimene mwalemba, sindikuona chokulepheretsani kuyamba pansi.

Jaji akamaganiza zoimitsa kapena ayi, amayamba ndi mfundo yakuti wopambana mlandu asamanidwe zipatso za chigamulo chake popanda chifukwa. Kale mfundo imene inkalamulira kwambiri inali yakuti muonetse kuti apilo yanu idzakhala yopanda phindu ngati ndalama zaperekedwa, mwachitsanzo chifukwa wolandirayo sadzatha kubweza. Pa mlandu wa Mike Appel & Gatto Limited v Saulos Chilima, Supreme Court of Appeal inatambasula nkhaniyi: khothi liyeze mbali zonse, lione kuti chisalungamo chachikulu chigwera ndani, wopempha ngati likana kapena wopambana ngati livomera. Kwa inu zikutanthauza kuti musangolemba kuti "ndidzavutika". Aliyense wolandidwa katundu amavutika. Lembani kuti firijiyo ndi imene mumasungiramo zakumwa ndi zina zogulitsa, kuti ikapita golosale itsika ndipo ngakhale K500,000 yotsalayo simudzatha kuipeza, pamene wa holoseloyo akadikira milungu ingapo sataya kanthu kosabwezeka. Onjezani tsiku limene munadziwira za chigamulo ndi tsiku limene munafika ku khothi. Masiku awiriwa akayandikana, akukulankhulirani okha.

Za nthawiyi ndiikepo mtima pang'ono, chifukwa ndi pamene anthu ambiri amagwera. Ku High Court malamulo a 2017 oyendetsera milandu ya pakati pa anthu amanena manambala ake poyera: wosumiridwa ali ndi masiku 14 oti asonyeze kuti walandira ndipo ayankha, ndi masiku 28 oti apereke yankho lake, chigamulo chikatuluka iye osayankha, pempho lochichotsa, pansi pa Order 12 rule 21, liyenera kulowa pasanathe miyezi 3, ndipo akachedwa kuposa apo ayenera kufotokoza kuchedwako, khothi n'kukhutira kuti chilungamo chikufunadi kuti chichotsedwe. Owerenga amene chigamulo chawo chinachokera ku High Court yeniyeniyo, pempho lawo limalowa komweko, ndipo Supreme Court of Appeal imabwera pambuyo. Makhothi a majisitireti ali ndi malamulo awoawo, koma mafunso amene woweruza amafunsa ndi omwewo: munadziwa liti, munachitapo chiyani, muli ndi yankho lanji. Munthu amene masherifu anamufikira mu Januwale n'kudzaonekera ku khothi mu Juni, atayesa kaye kwa amfumu, kwa abusa ndi kwa msuweni wake wa ku polisi, amavutika kufotokoza miyezi imeneyo. Apolisi, ndinene pano, alibe mphamvu yoimitsa chigamulo cha khothi pa nkhani ya ngongole.

Muyembekezerenso kuti lamulo loimitsa likhoza kubwera ndi zofunika kukwaniritsa. Nthawi zambiri woweruza amati wopempha alipire ndalama za masherifu pa ntchito imene agwira kale, makamaka ngati chigamulo chinali choyenera ndipo wolakwa pochedwa ndi iyeyo. Akhozanso kulamula kuti gawo la ndalama limene simukulikana liperekedwe kwa mwini wake kapena lisungidwe ku khothi. Ngati mungathe, musadikire kulamulidwa: nenani nokha m'pempho lanu kuti ndinu wokonzeka kuika ku khothi ndalama yakutiyakuti pa K500,000 ija. Woweruza amasiyanitsa msanga munthu wothawa ngongole ndi munthu amene akukana kulipira kawiri. Chigamulo chikapezeka kuti chinali cholakwika kuchokera pa chiyambi, loya wanu apemphe kuti ndalama za masherifu zigwere amene anawatuma.

Makina osokera a mayi a kunyumba ndi nkhani ina payokha. Sherifu amaloledwa kugwira katundu wa munthu amene chigamulo chamugwera, osati wa aliyense wokhala naye nyumba imodzi. Mayiwo alembe kalata kwa sherifu m'dzina lawo, kunena kuti makinawo ndi awo, aphatikize risiti, kapena umboni wa ku banki m'khonde ngati anagula ndi ngongole ya kumeneko, kapena kalata ya amene anawagulitsa. Wokusumirani akatsutsa, sherifu amapereka nkhaniyo ku khothi kuti ligamule mwini wake. Achite zimenezi sabata ino, osadikira zotsatira za pempho lanu. Koma musatengerepo mwayi wonena kuti zonse za m'nyumba ndi za akazi anu. Bodza lolumbirira ndi mlandu waupandu, ndipo likagwidwa limaononga ndi zoona zomwe.

Katundu amene walembedwa kale musamusamutse usiku kupita naye kwa achibale, ndipo masherifu akabwera musalimbane nawo kapena kuitana anyamata a m'dera. Mukatero nkhani ya ngongole isanduka ya kunyoza khothi kapena kutsekereza ogwira ntchito ya boma. Chimene muli ndi ufulu wochita ndi kupempha chitupa chawo cha ntchito ndi chikalata cha khothi chowatuma, kuona kuti nambala ya mlandu ikugwirizana ndi ya mu fayilo, ndi kusunga kope la mndandanda wa zimene alemba. Alipo anthu otolera ngongole amene amadzitcha masherifu alibe pepala lililonse la khothi, ndipo ulendo wanu wa ku ofesi ya akalaliki uja ukutsimikiziraninso ngati mlanduwo ulipodi. Wina akati mumupatse "ya fanta" kuti achedwetse galimoto, dziwani kuti ndalama imeneyo sichotsa tambala pa ngongole yanu, ndipo mawa abweranso.

Pomaliza pake, ngakhale chigamulo chichotsedwe, ngongole ya K500,000 ikhalapobe, ndipo mlandu udzayambiranso. Nthawi zambiri njira yotsika mtengo ndi yakuti, lamulo loimitsa likangotuluka, mukhale pansi ndi wa holoseloyo kapena loya wake, sitetimenti ili patebulo, mugwirizane ndalama yeniyeni yotsala ndi magawo olipirira mwezi ndi mwezi. Mgwirizanowo usathere pakamwa kapena pa foni: ulembedwe, musainirane, upite ku khothi kuti ukhale lamulo, ndipo unene momveka kuti chigamulo choyamba chachotsedwa ndipo masherifu aimitsidwa. Mukakanika kugwirizana, khothi lenilenilo lili ndi mphamvu yolola kulipira pang'onopang'ono mutaonetsa zimene mumapeza pa mwezi.

Ku khothi la majisitireti anthu ambiri amadziimira okha, ndipo akalaliki akhoza kukuonetsani mafomu, ngakhale si ntchito yawo kukulemberani nkhani yanu. Ikafika ku High Court, pezani loya, chifukwa pepala lolakwika kalembedwe likhoza kukutayitsani sabata imene mulibe. Ngati ndalama ya loya palibe, pitani ku Legal Aid Bureau, ofesi yawo ilipo mu Lilongwe, ndipo muwauze pa khomo pomwe kuti katundu walembedwa kale ndi masherifu kuti aione ngati nkhani yachangu. Mukafuna loya wolipira, Malawi Law Society imatulutsa mndandanda wa maloya amene ali ndi chilolezo chaka chimenecho. Onani dzina lake pamenepo musanapereke ndalama. Kulikonse kumene mupite, nyamulani pepala la masherifu, makope a mu fayilo, sitetimenti ya pa foni ndi risiti ya makina aja.